Chitini cha a Romano m'Munda wa Kachewere

Achimwene anga a Romano anali munthu wamantha, ndipo sindikunena mowanyoza. M'mudzi mwathu, kumtunda kwa Lifidzi, aliyense ankadziwa zimenezi. Ankaopa agalu, ankaopa mphenzi, mlatho wa mitengo ankawoloka chokwawa, ndipo tsiku lopha nkhuku pakhomo pawo mpeni ankapatsa akazi awo, iwo n'kukaima kuseri kwa khola. Amayi ankati mwana wawoyo anabadwa chaka cha matalala, ndiye mtima wake unazolowera kudzidzimuka. Ine ndine mlongo wawo wamng'ono, Francisca, ndipo pakamwa pamene iwo analibe ndinatenga ndine.

Chinthu chimodzi chokha sankachiopa, makina a sinema. Padiri Geraldo, amene ankabwera pa njinga yamoto kudzachita Misa m'katchalitchi kathu, anawaphunzitsa makinawo achimwenewo atangokwatira kumene. Munthu amene ankanjenjemera pomva galu akuuwa kutsidya, akagwira fita, lamba wakuda uja wa zithunzi, zala zake zinkakhazikika. Ankailowetsa m'timano ta makina mosaphonya, maso ali kwina, akucheza ndi anthu.

Sinema inkaonetsedwa Lamlungu Misa ikatha. Amuna ankatseka mazenera ndi masaka a nyemba, injini inkalira panja, ife tonse n'kukhala pansi mothithikana m'fungo la thukuta ndi gazolina, mafuta a injiniyo. Zambiri zinali za miyoyo ya oyera mtima ndi za kusamala zitsime. Koma inalipo ina ya chilengedwe cha dziko, ya m'zitini ziwiri zozungulira, zophwatalala ngati mbale zazikulu, imene anaisiya mlaliki wina wa mpingo wina podutsa kupita kumalire. Padiri sankaikonda kwenikweni. Ankati za njuchi zili bwino, koma mzungu wa m'menemo amayankhula ngati analipo tsiku limene Mulungu ankalenga. A Romano ndiye anaikonda kuposa chakudya.

Mzungu ameneyo ankavala jasi loyera ngati la dotolo, ndipo ankasuzumira m'kagalasi kokulitsa zinthu. Ankaonetsa nyemba ikung'ambika, muzu ukutsika, tsamba likutuluka, zonse m'kuphethira kwa diso. Ankaonetsa njuchi zikumanga timapanga tofanana ndendende, kenaka diso la munthu m'kati mwake, kenaka mafupa aakulu okumbidwa m'miyala amene ankati ndi a nyama zimene zinamira pa chigumula. Pachilichonse ankatembenuka n'kunena kuti zotere sizingadzipange zokha. Mawu anali a Chipwitikizi, ndiye a Romano ankaimirira pambali pa makina n'kumamasulira m'Chinyanja, akuwonjezerako zawo. Nyemba ija ikayamba kumera, amayi ena ankabisa nkhope m'nsalu kuti ndi ufiti, achimwene n'kumawalimbitsa mtima kuti ndi nyemba yomwe ija anadzala dzana kudimba. Ndi malo okhawo amene ndinawaonapo akulimbitsa mtima munthu wina.

Amuna anga a Cassimiro anaiona sinema imeneyi nthawi imene ankandifunsira. Anali atangomaliza maphunziro a uphunzitsi ku Fonte Boa, atapatsidwa shikola, ndiye kuti sukulu, ya m'mudzi mwathu, nsapato zikung'anima. Tsiku limenelo gazolina anatha chitini choyamba chitangotha, ndiye chachiwiri sanachione. Potuluka, m'malo moyamikira ngati mlendo wofuna mkazi, anayamba kufotokozera alamu awo kuti nyemba ija anaijambula masiku ambiri kenaka n'kuthamangitsa zithunzi. Anati zimenezo si bodza ayi, koma mzunguyo bwenzi atanena. Anati mafupa aja akatswiri a siyensiya, imene anzathu a ku Malawi amati sayansi, anawayeza n'kupeza kuti ndi akale kwambiri kuposa mmene mzunguyo ankanenera, ndipo munthu akafuna kulalikira azilalikira, osabwereka jasi la dotolo.

A Romano anafunsa ngati ku Fonte Boa anawaphunzitsa kukangana ndi Mulungu.

"Alamu, ine ndi Mulungu tilibe mlandu," anatero a Cassimiro. "Ndikukangana ndi jasi."

"Simunaone chitini chachiwiri," anatero achimwene. "Yankho lanu lili mmenemo."

Mkangano umenewu unalowa m'banja limodzi ndi ukwati wanga, ndipo sunatulukemo. Ankakangana pa maliro, pokolola, pa ubatizo wa mwana wathu Isabel. A Cassimiro ankabwera ndi mwala wa mizeremizere kuchokera kumtsinje, a Romano ankabwera ndi chisa cha njuchi, onse n'kuyala umboni wawo pamphasa yanga ngati ogulitsa pamsika. Nthawi zonse mapeto ake anali chitini chachiwiri chija, poti Padiri sanalolenso kuti sinemayo ionetsedwe. Ine ndinkawauza kuti ngati dziko linalengedwa m'masiku ochepa, ndiye kuti Mulungu analibe alamu omuchedwetsa ndi nkhani. Koma ankakondana anthu awiriwo, ndipo mmodzi akadwala winayo ankasowa mtendere.

Ufulu utabwera, zinthu za mishoni zinatengedwa ndi boma. Kunabwera lole, ananyamula makina, injini ndi zitini zonse zimene anazipeza. Pamisonkhano ankatiuza kuti masinema aja anali otiphimba m'maso. A Cassimiro anapatsidwa mabuku atsopano, lina lili ndi chithunzi cha zolengedwa zitandondozana, kuyambira chokwawa ngati nyani mpaka munthu woongoka, ndipo ankaphunzitsa zimenezo mkati mwa sabata, Lamlungu n'kumapemphera kolona m'nyumba chitseko chili chotseka. Titawafunsa a Romano za sinema yawo ija, anati inapita ndi lole. Tinawakhulupirira, chifukwa panalibe amene akanaganiza kuti munthu wamantha chotere angabise kanthu kwa boma. Anabwerera ku khasu, n'kumalima chimanga ndi nyemba ngati wina aliyense, ndipo pamisonkhano ankakhala kumbuyo kwenikweni, akuwomba m'manja msanga kuposa onse.

Kenaka inafika nkhondo. Sindidzatha kufotokozera ana a masiku ano mmene mantha amakhalira akakhala a tsiku lililonse. Unkati ukamva nkhwali zauluka mwadzidzidzi kumunda, miyendo inkayamba kuthawa iwe usanaganize. Anthu a m'tchire, omenyana ndi boma, akabwera ankafuna ufa, achinyamata ndi aphunzitsi. Asilikali akabwera ankafuna kudziwa amene anapereka ufawo. Shikola inatenthedwa. Anzawo a a Cassimiro a m'midzi yoyandikana ena anathawira kutauni ya Ulongwe, ena anatengedwa osabwereranso. Amuna anga anavula nsapato n'kuziponya m'chimbudzi, ndipo m'mawa uliwonse ankadzipaka dothi m'manja kuti asaoneke ngati munthu wa choko. Achimwene anaonda mpaka malaya ankangolendewera. Ankati akamva chitseko chamenyetseka ndi mphepo, ankakhala pansi pomwepo.

Munda wathu wa kachewere unali wa malemu amayi, ndipo kumunsi kwake unkathera pamsewu umene munkadutsa magalimoto a asilikali. Msasa wawo unali pamlatho wa msewuwo, chapafupi. Masiku amenewo lole yawo ina inali itaponda mina kutsidya kwa mlathowo. Mina ndi bomba lokwirira pansi, ndipo asilikali anali atationetsapo ina pamsonkhano kuti tiziidziwa, chitsulo chozungulira, chophwatalala. Anyamata angapo anafera mu lole imeneyo, ndipo otsalawo ankayenda m'mudzi maso ali psu, osayankha moni.

M'mawa wina wozizira ndinaganiza zowonjezera mizere kumunsi kwa mundawo, pamalo pamene panali patagonera zaka zambiri. Ndinali nditalimako pang'ono pamene khasu linalira pa chitsulo. Nditakokera dothi pambali, ndinaona m'mphepete mwa chinthu chozungulira, chadzimbiri. Ndinaima khasu lili m'manja, ndikuopa kulisiya, ndikuopa kupuma, mkodzo ukutsika m'miyendo. Kenaka ndinakuwa. Amayi a m'minda yoyandikana anathawa akukuwanso, ndipo mawu anafika pamlatho ine ndisanatuluke n'komwe m'mundamo. Ndinatuluka chobwerera m'mbuyo, ndikuponda m'mapazi anga omwe.

Asilikali anatisonkhanitsa mudzi wonse n'kutikhazika m'mbali mwa msewu, chapatali ndi munda. Komandanti wawo anali mnyamata woonda wa kumwera, wosadziwa Chinyanja, milomo yake itang'ambika ndi mphepo. Anafunsa kuti munda ndi wa yani. Ndinati ndi wanga, wa amayi anga, chifukwa kwathu munda umatsata mkazi. Iye sanafune kumva zimenezo, anati akufuna mwamuna wa pakhomopo. Wina m'gululo, kaya ndi mantha kaya ndi chiyani, anatchula kuti mwamunayo ndi pulofesoli, kutanthauza mphunzitsi.

Komandanti anayang'ana a Cassimiro nthawi yaitali. Kenaka anafunsa, mofatsa kwambiri, kuti zikutheka bwanji aphunzitsi onse a dera lino athawa kapena aphedwa, koma uyu yekha anthu a m'tchire akumusiya. Anati munthu wotere ndiye kuti amagwirizana nawo, ndipo malipiro ake ndi kuwasungira mina m'munda wa pamsewu. Asilikali anawamanga a Cassimiro zigongono kumbuyo ndi chingwe chonyowa, kukoka mpaka chifuwa chinatukuka, n'kuwagwaditsa pakati pa msewu. A Cassimiro anayesa kufotokoza m'Chipwitikizi chawo chabwino chija kuti chinthucho chiyang'anidwe kaye, chifukwa dothi la pamenepo silinakumbidwe chaka chino. Msilikali wina anawamenya pakamwa ndi chitako cha mfuti.

Ndinamva komandanti akulamula, ndipo Chipwitikizi changa chinakwana kuti ndimve zonse. Anati palibe msilikali wake amene adzayandikire chinthucho, anyamata ake afa okwana. Achiponyere bomba la m'manja chiphulikire pomwepo, ndipo pulofesoliyu apite naye kuseri kwa mlatho. Tonse tinkadziwa kuti opita kuseri kwa mlatho sabwerera. Msilikali wina anayamba kale kumasula bomba pa lamba wake. Isabel anali atandigwira m'chiuno, zikhadabo zake zikundilowa m'thupi.

A Romano anali atakhala chakumbuyo kwanga. Nditacheuka ndinaona nkhope yawo itatuwa ngati phulusa, thukuta likuyenderera kuzizira konse kuja. Anaimirira, maondo anakana, anagwa. Anaimiriranso atagwira phewa la munthu wina, n'kukweza dzanja ngati mwana wa shikola. Anayankhula Chipwitikizi cha ku mishoni, chaulemu wopitirira muyeso, mawu akutuluka moduladula. Anapempha kuti bombalo lisaponyedwe, chifukwa chinthucho ndi chawo.

Mfuti zonse zinatembenukira kwa iwo. Komandanti anafunsa ngati akuvomera kuti ndi iwo anakwirira mina.

"Si mina, bwana komandanti. Ndi sinema."

Asilikali ena anaseka, koma komandanti sanaseke. Achimwene anafotokoza, akumeza malovu pa mawu aliwonse, kuti lole ya boma isanafike anatenga zitini za mishoni n'kuzikwirira m'munda wa amayi awo, ndipo sanauze munthu aliyense, ngakhale akazi awo. Ankadziwa kuti akudziulula kuti anabisa katundu wa boma, mlandu umene ena anapita nawo kutali osabwerako. Ine ndinawayang'ana ngati sindikuwadziwa. Zaka zonse zija ankawomba m'manja pamisonkhano, chonsecho ali ndi chinsinsi m'munda wanga.

Komandanti anati chabwino, mwini wake apite akachitenge. Chikaphulika, nkhani yatha, ndipo pulofesoli atsatira. Akayesa kuthawa, chipolopolo chiwapeza asanafike ku chimanga.

Podutsa pamene ndinakhala, achimwene anawerama ngati akukonza buluku, n'kundinong'oneza.

"Mlongo, pichesi uja anali pati?"

Kumunsi kwa mundawo kunali mtengo wa pichesi, ndipo ndinazindikira kuti iwo anakwirira patsinde pake. Koma mtengowo unadulidwa kalekale, chitsa chinazulidwa, ndipo msewu anali ataukulitsa. Mmene ine ndinkakumbukirira, unali chakumtunda pang'ono kuposa pamene khasu langa linagunda. Iwo anaona nkhope yanga ndipo anamva. Munthu amene wangouza asilikali kuti chinthucho ndi chake sankadziwa ngati chinali chakedi.

Ndinaganiza kuti akhala pansi. Anaima pakati pa msewu, tonse tikuwayang'ana. Pamenepo a Cassimiro anadzutsa mutu, magazi akutsika pachibwano, n'kuyankhula m'Chinyanja.

"Alamu, musanachigwire yang'anani mizu. Ngati kapinga wachizinga, ndiye kuti chakhalitsa, si cha nkhondo ino. Ngati palibe mizu, musachikhudze. Bwererani, ine ndipita."

Msilikali anawaponda pamsana kuti akhale chete. Anagwa chafufumimba, ndipo ali pansi pomwepo, pamaso pa asilikali a boma, anayamba kupemphera kolona mokweza, munthu amene zaka zonse ankapemphera chitseko chili chotseka. Amayi ena anayamba kuyankha chapansipansi.

A Romano analowa m'munda. Ankaponda m'mapazi anga, phazi limodzi, kuima, kenaka linzake, manja atatambasula ngati akuwoloka mlatho wa mitengo uja. Sindikudziwa kuti zinatenga nthawi yaitali bwanji, ndimangokumbukira kuti khwangwala anatera pamzere n'kumawayang'ana, ndipo ndinkadana naye khwangwalayo kuti mwina aponda pena pake. Atafika anagwada. Anakhala osagwedezeka, mutu uli pansi, mpaka komandanti anakuwa kuti afulumire. Kenaka ndinaona mapewa awo akuyenda. Ankakumba ndi zala, pang'onopang'ono, akumadula tinthu n'kumaponya pambali. Ndinatseka maso a Isabel ndi dzanja, koma anga anakana kutsekeka.

Atachinyamula, asilikali onse anadzigwetsa pansi, komandanti yemwe. Ife tinatsala chikhalire, chifukwa palibe anatiuza kuti tigone. Achimwene anaima m'mundamo atachikumbatira pachifuwa, mizu ya kapinga ikulendewera. Komandanti ali chigonere anakuwa kuti asabwere nacho, achitsegulire komweko. Chivundikiro chinali chitagwirana ndi dzimbiri. Anatola khasu langa lija n'kuyamba kugogoda m'mphepete, ndipo kugogoda kulikonse ndinkakumva m'mano. Mayi wina pambali panga anakomoka. Kenaka chivundikiro chinagwera pansi, ndipo sipanachitike kanthu.

Anatulutsa chinthu chokulungidwa m'nsalu ya phula, n'kuchimasula. Anakoka lamba wakuda wautali ngati mkono, n'kumukweza kudzuwa. Ndinaona ndi maso angawa kuti manja awo anali atasiya kunjenjemera.

Komandanti anadzuka, anasasa fumbi, n'kuwaitana. Fita inkanunkha ngati vinyo wosasa, ndipo m'kati inali itamatirirana, koma kunja kwake zithunzi zinkaoneka. Mnyamata uja anaitenga, anatsinzina diso limodzi, n'kuyang'ana kudzuwa. Anafunsa kuti tinthu takudato ndi chiyani. Achimwene anati ndi njuchi, ndipo mosadziwa anayamba kufotokoza ndi mawu awo a m'tchalitchi aja, kuti taonani timapanga tofanana popanda wozipatsa muyeso. Komandanti anawadula. Anati ali mwana ankalowa sinema kwawo m'tauni, amalume ake ndi amene ankagulitsa matikiti. Ankayendetsa fita ija m'zala, ndipo pamenepo ndinaona kuti anali mwana ndithu, wamantha ngati ife tomwe.

Kenaka nkhope yake inaumanso. Anafunsa ngati pali zitini zina. Ine m'mtima ndinkati nenani kuti palibe, achimwene, nenani kuti palibe. Koma iwo anati chilipo china, anachikwirira payekha chapafupi pomwepo, koma malo enieni sakuwadziwanso. Komandanti anayang'ana mundawo, n'kulamula kuti kuyambira tsiku limenelo aliyense wopezeka ndi khasu kumunsi kumeneko adzawomberedwa osafunsidwa. Analamulanso kuti a Romano akwapulidwe chifukwa chobisa katundu wa boma. Anawagoneka pamsewu n'kuwakwapula ndi chikoti, ndipo analira mokweza ngati mwana, osachita manyazi, mpaka asilikali anatopa ndi kuseka.

Asilikali anawamasula a Cassimiro dzuwa litapendeka. Manja awo anali atatupa, akuda bii, ndipo zala ziwiri za kumanja sizinadzukenso mpaka lero. Chitini anapita nacho asilikali. Patapita masiku tinaona fita ija ataimangirira pa mpanda wa msasa wawo, ikupepeluka ndi mphepo, akuti iziopseza makwangwala. Achimwene akamadutsa pamlatho ankayang'ana kumbali.

Sitinakhalitse. Mbiri inamveka kuti anthu a m'tchire amva zoti m'mudzi mwathu muli pulofesoli amene asilikali anamumasula, ndipo nawonso anayamba kufunsa chifukwa chake. Tinanyamula zimene tikanatha n'kulowera kumalire a Dedza, kudzera m'mapiri, kupewa njira. Tsiku lina masana tinapuma m'kankhalango, tikutafuna chimanga chokazinga. A Romano anagona chafufumimba chifukwa msana unali usanapole, a Cassimiro atakhala pambali pawo manja ali pamaondo. Amuna anga anafunsa ngati tsiku lija, poimirira, ankadziwa kuti chinthucho ndi chitini chawo.

Achimwene anati ayi. Anati pamene anaona malowo ali pamsewu, mtima unawauza kuti si pamenepo. Anadziwa atagwada, ataona kapinga atachizinga mbali zonse, monga ananenera alamu awo.

"Ndiye munaimiriranji?"

"Bomba lija likanaponyedwa, palibe akanadziwa chimene chinali pansipo," anatero. "Inu mukanapita kuseri kwa mlatho, ine n'kutsala ndikudziwa ndekha. Zimenezo ndinaziopa kuposa mina."

Kenaka a Cassimiro anapempha kuti, poti chitini chachiwiri sadzachionanso, alamu awo awafotokozere zimene zinali mmenemo. Achimwene anafotokoza chigonere, chapansipansi kuopa kumveka, kuyambira pachiyambi mpaka pothera: nyenyezi, mwana m'mimba mwa mayi wake, dzanja la munthu ndi timafupa take tonse, mzungu uja akuvula jasi pomaliza n'kugwada. Ana anasiya kutafuna n'kumamvetsera. Amuna anga sanadule mawu ngakhale kamodzi, chinthu chimene sindinachionepo chikwatirireni. Atamaliza, a Cassimiro anati za dzanja n'zokongola, koma pa mafupa aja mzunguyo akanali wolakwa. Achimwene anati kufotokoza sikufanana ndi kuona. Ine ndinalira pomva akuyambiranso, ndipo ndinawakalipira kuti atsitse mawu.

A Romano sanabwerere kwathu. Anamwalira kumsasa wa othawa nkhondo ndi chifuwa, mtendere utatsala pang'ono, ndipo mpaka tsiku lomaliza ankaopa jakisoni. Manda awo ali mbali ya ku Malawi.

Ife tinabwerera. Patapita nthawi kunabwera anthu ochotsa mabomba, ndi makina awo olira akamva chitsulo. M'mbali mwa msewu uja, osati patali ndi pamene ndinkalima tsiku lija, anapeza mina yeniyeni, n'kuiphulitsa mudzi wonse titabisala kuseri kwa tchalitchi. Nditamva kugunda kwake ndinaganiza za mapazi a achimwene m'mizere ija. Chakumtunda pang'ono, pamene ine ndinkati panali pichesi, anafukula chitini chadzimbiri n'kuchiponya pa mulu wa makasu othyoka ndi zitsulo zina. A Cassimiro anapita kukachipempha.

Chili m'nyumba mwathu mpaka pano, pamwamba pa khoma, pafupi ndi mtanda. Sichinatsegulidwepo. Adzukulu amapempha kuti aone, ndipo ine ndimawaputa a Cassimiro kuti munthu wa siyensiya, amene moyo wake wonse ankati chinthu uzichiona ndi maso ako, akuopa chiyani kukweza fita kudzuwa kuti aone yankho limene analidikira zaka zonsezi. Masiku ambiri amangoseka. Tsiku lina nditawakakamiza kwambiri, anayang'ana chitinicho, akusisita zala zawo zakufa zija.

"Mayi a Isabel, ndikachitsegula n'kupeza kuti mzungu uja walakwa, ndikamuuza ndani?"

Sindinawafunsenso. Chaka chilichonse mvula isanayambe amachitsitsa, amachipukuta fumbi ndi dzanja lamanzere, n'kuchibwezera pamalo pake.